Galu wa mfumu: za anyamata omvera bwana m'mafilimu a zigawenga

Funso: Ndine bambo wa zaka 58 ndipo ndimakhala ku Mufakose kuno ku Harare. Ndikusunga mphwanga, mwana wa mlongo wanga, mnyamata wa zaka 19 amene amaitanira makombi m'tauni. Madzulo timaonera limodzi mafilimu a zigawenga, ena a m'Chingerezi, ena omasuliridwa m'Chichewa amene amabwera ndi anthu ochokera ku Blantyre. Chondidetsa nkhawa n'chakuti iye amasirira kwambiri mnyamata amene amamvera bwana wake mpaka kupha kapena kufa, ndipo wina akaulula kwa apolisi amamutcha Yudasi. Ndikamudzudzula amandiyankha kuti ndife tomwe tinamuphunzitsa kumvera akulu ndi kusunga chinsinsi. Kodi mafilimu amenewa amaphunzitsadi kuti kumvera kotere ndi ulemu, nanga ndimuyankhe bwanji?

Yankho: Bambo, zikomo chifukwa cha kalata yanu, ndipo ndiyambe ndi kuvomera kuti mphwanuyo sakulota. Anthu okonza mafilimu a zigawenga amadziwa bwino lomwe kuti woonera amakopeka ndi munthu wosatekeseka, wa mawu ochepa, amene akauzidwa chinthu amangogwedeza mutu n'kutuluka, ndipo amamuveka suti yabwino n'kumuikira nyimbo yokoma kuti nafenso timukonde. Inenso ndili mnyamata ku Mbare, masiku amene tinkathamangira ku Stodart Hall kukaonera bayisikopo, munthu wa mtundu umenewu ndiye tinkamutengera kayendedwe pobwerera kunyumba. Komabe, nditatha zaka zambiri ndikuonera ndi kulemba za mafilimuwa, ndinaona kuti okonzedwa bwino mwa iwo amatsutsana ndi mphwanuyo pa mfundo yomweyo imene iye akuiyesa yolimba. Iye akuti womvera bwana ndi wokhulupirika ndipo woulula ndi wopereka anzake, chonsecho mafilimuwa amaonetsa kuti womverayo ndiye amapereka anthu ochuluka kuposa wina aliyense, kungoti amene amawaperekawo si mabwana, choncho woonera amaiwala kuwawerenga.

Tiyambe ndi The Godfather, filimu ya Francis Ford Coppola ya mu 1972, poti ambiri anatengera m'menemo chithunzi cha mnyamata wa bwana. Kumayambiriro kwenikweni, pa ukwati wa mwana wamkazi wa Vito Corleone, timaona chimphona chotchedwa Luca Brasi chitakhala pachokha, chikubwerezabwereza mawu amene chikufuna kukanena kwa bwana wake ngati mwana wasukulu woloweza ndakatulo. Munthu ameneyu amaopedwa ndi zigawenga zonse za mu New York, koma akalowa m'chipinda cha Vito lilime limamulemera, mawu amasokonekera, ndipo chimene amakwanitsa n'kungolonjeza kuti adzakhala wokhulupirika mpaka kalekale. Akuluakulu anati galu wa mfumu ndi mfumu ya agalu, ndipo Luca ndi wotero ndendende, pakuti ulemerero wake wonse ndi wobwereka kwa mwini khomo. Vito amamutuma kuti akanamizire kuti wakhumudwa ndi banja la Corleone n'cholinga choti akafufuze za adani, ntchito imene munthu woganiza akanaona msanga kuti ndi msampha, popeza mzinda wonse unkadziwa kuti Luca sangasiye bwana wake. Iye safunsa kanthu, amavala chovala chotchinga zipolopolo n'kunyamuka, ndipo amaphedwa m'bala, dzanja litakhomeredwa pakauntala ndi mpeni, wina akumukanyanga pakhosi ndi chingwe. Filimu isanafike n'komwe pakati iye kulibe, ndipo sitionetsedwa maliro ake kapena munthu womulira.

Koma amene amandiopsa ine kwambiri m'filimu imeneyi ndi Clemenza, kapitawo wonenepa, wanthabwala, wodziwa kuphika. Atalamulidwa kuti athane ndi Paulie, mnyamata wa m'gulu lake lomwe amene ankaganiziridwa kuti anapereka Vito kwa adani, Clemenza amatuluka m'nyumba, mkazi wake akumukumbutsa kuti asaiwale kubweretsa makeke, ndipo atakwera galimoto amachenjeza Paulie yemweyo kuti abwerere m'mbuyo mosamala chifukwa pali ana. Atafika kutchire amaimitsa galimoto kuti akataye madzi, ndipo iye ali chiimire m'mbali mwa msewu, mnyamata wokhala kumpando wakumbuyo amaombera Paulie katatu. Clemenza amabwerera akumanga lamba, n'kuuza mnyamatayo kuti mfuti aisiye koma makeke aja anyamule. Munthu uyu mutu wake ndi wabwinobwino, amadera nkhawa ana a mumsewu, ndipo saiwala zimene mkazi wake wamutuma. Chimene chinafa mwa iye ndi kachigawo kamodzi kokha, kamene kamafunsa kuti umboni wake ndi wotani, ndipo ngakhale umboniwo ulipo, ndine yani ine kuti ndichotse moyo wa mwana wa munthu. Funso limenelo analisiya kwa bwana kalekale ngati chikole, ndipo kuyambira tsikulo kupha kunasanduka ntchito ya m'mawa yolembedwa pa mndandanda umodzi ndi kugula makeke.

Munthu safika pamenepo tsiku limodzi, ndipo njira yake ndi imene inu monga malume muyenera kuitchera khutu kuposa zonse. Filimu ya Martin Scorsese ya mu 1990, Goodfellas, yotengera moyo wa munthu weniweni wotchedwa Henry Hill, imayamba ndi kamnyamata kosuzumira pawindo, kakusirira amuna a pa siteji ya matakisi yoyang'anana ndi nyumba ya kwawo ku Brooklyn. Ntchito yake yoyamba ndi yoimika magalimoto a mabwana ndi kutumidwa uku ndi uku, monga amayambira mahwindi athu, anyamata oitanira makombi, pa renki. Bambo ake atalandira kalata yochokera kusukulu yonena kuti mwana wawo sakubwera, anamukwapula, ndipo anthu a pa siteji aja anagwira wopereka makalata n'kumuopseza kuti asadzaperekenso kalata yakusukulu panyumbapo. Kamnyamatako kanaona ngati chimenecho ndi chikondi, koma chimene chinachitika n'chakuti chingwe chomumangirira kwa bambo ake ndi kusukulu chinadulidwa. Atagwidwa koyamba akugulitsa fodya wakuba, sanatchule dzina la munthu aliyense, ndipo potuluka m'khoti anapeza mabwana onse akumudikira, akumuombera m'manja, wina n'kumutsomekera ndalama m'thumba. Choyamba ndi chifundo, kenako ngongole yosatchulidwa mtengo, kenako mlandu waung'ono wochitira pamodzi umene umamanga mnyamatayo kwa anzake, ndipo pofika tsiku la lamulo lalikulu, kukana kumakhala kofanana ndi kudzichotsa pa mbumba yokhayo imene watsala nayo.

Akatswiri a za maganizo a anthu anayesapo kuyeza chinthu chimenechi. Mu 1961, Stanley Milgram wa pa yunivesite ya Yale ku America anaitana anthu wamba, ndipo munthu wovala ngati wasayansi ankawalamula kuti azitchaya ndi magetsi munthu wina wa m'chipinda china akalakwitsa funso, mphamvu yake ikukwera pang'onopang'ono mpaka 450 volts. Magetsiwo anali abodza ndipo wodandaulayo ankachita sewero, koma iwo sankadziwa, ndipo mwa anthu 40, anthu 26 anafika kumapeto, ambiri akutuluka thukuta ndi kunjenjemera. Chimene chimakhudza nkhani yathu kwambiri ndi zimene anapeza atasintha kachitidwe kake. Pamene ntchito yodina batani inapatsidwa kwa munthu wina, iwo n'kumangothandizira, anthu 37 mwa 40 anapitiriza mpaka kumapeto, koma pamene anaikidwa pamodzi ndi anzawo awiri amene anakana poyera, anthu 4 okha mwa 40 ndiwo anafika kumapeto. N'chifukwa chake m'mafilimu a zigawenga ntchito yopha imagawidwa m'tizidutswa, wina woyendetsa galimoto, wina woitana wophedwayo, wina wolondera pakhomo, wina wokumba dzenje, kuti aliyense akagone akudziuza kuti iye sanaphe. N'chifukwa chakenso bwana salekerera ngakhale mnyamata mmodzi wokana, pakuti amadziwa kuti kukana kumapatsirana. Agogo athu amene anabwera kuno ndi Mthandizi, bungwe limene linkalemba anthu ntchito, kudzagwira ntchito m'mafamu a fodya ndi m'migodi ankasimba za kapitawo, wakuda mnzawo, nthawi zina wochokera boma limodzi ndi iwo, amene ankaposa mzungu nkhanza, ndipo madzulo pamowa ankadziwiringula kuti iye amangotumidwa. Anali munthu yemweyu wa m'mafilimu, kungosiyana chovala.

Anthu amakonda kunena kuti anyamata otere amamvera mwachimbulimbuli, koma ine mawuwo sindigwirizana nawo kwenikweni, chifukwa mafilimu abwino amaonetsa kuti iwo amaona ndithu. Mu The Godfather Part II ya mu 1974 muli Al Neri, mlonda wa bwana, munthu amene mawu ake mungawawerenge ndi zala. Pa maliro a mayi awo, Michael Corleone, mwana wa Vito amene analowa m'malo mwake, amakumbatira mkulu wake Fredo ngati wamukhululukira, koma amakweza maso n'kuyang'ana Neri, ndipo Neri amaweramitsa nkhope. Palibe mawu amene anenedwa, koma lamulo laperekedwa, ndipo kuwerama kuja ndi umboni wakuti wolilandirayo akudziwa kuipa kwake. Patapita masiku amatenga Fredo m'bwato pa nyanja ya Tahoe kukawedza, ndipo amamuombera kumbuyo kwa mutu Fredoyo akunena pemphero la Tikuoneni Maria. Neri wakhala akudya m'nyumba imodzi ndi Fredo kwa zaka zambiri, ndiye mufunseni mphwanuyo kuti kwa Fredo, Neri ndi wokhulupirika kapena ndi Yudasi.

Filimu imene inalowa pansi penipeni pa nkhaniyi ndi The Irishman ya mu 2019, ya Scorsese yemweyo, yotalika maola 3 ndi theka. Frank Sheeran ndi dalaivala wa lole yonyamula nyama amene anaphunzira kumvera ali msilikali ku Italy pa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse, kumene ankatuma akaidi a ku Germany kukumba dzenje n'kuwaombera momwemo, poti akuluakulu ake ankangomuuza kuti awatengere kutchire ndipo asachedwe. Bwana wa zigawenga wa ku Pennsylvania, Russell Bufalino, amamuona kuti ndi wothandiza, amamukokera pafupi, kenako amamupereka kuti azilondera Jimmy Hoffa, mtsogoleri wa bungwe la madalaivala a malole lotchedwa Teamsters. Apa ndi pamene filimu imadekha, ndipo ena amati imachedwa, koma kuchedwako kuli ndi ntchito yake. Timaona Frank ndi Hoffa akugona m'chipinda chimodzi cha hotela atavala zogonera, akucheza ngati pachibale. Timaona Hoffa akukondana ndi Peggy, mwana wamkazi wa Frank, mtsikana amene amaopa bambo ake omubereka kuyambira tsiku limene anawaona akuponda dzanja la mwini golosale pamsewu. Mabwana atagwirizana kuti Hoffa achotsedwe, Russell amauza Frank nkhaniyo pa chakudya cha m'mawa, mofatsa, ndipo Frank amangokhala duu, maso ali ndi misozi, osanena kanthu. Chifukwa chimene anasankhira iyeyo n'chakuti Hoffa, amene ankadziwa kuti moyo wake uli pachiswe, sakanakwera galimoto ya munthu wina aliyense pokhapokha ataonamo nkhope ya Frank. Atalowa m'nyumba yopanda anthu ku Detroit, Hoffa amazindikira kuti ndi msampha, amatembenukira kukhomo akuuza Frank kuti atuluke onse awiri, pofuna kupulumutsa mnzakeyo, ndipo Frank amamuombera kawiri kumbuyo kwa mutu. Ubwenzi wa zaka zonse zija ndiwo unali chida chophera, ndipo mfuti inangomalizitsa. Kunyumba, nkhani yakusowa kwa Hoffa ili pa wailesi yakanema, Peggy amafunsa bambo ake chifukwa chimene sanaimbirebe foni mkazi wa Hoffa, ndipo kuchokera tsiku limenelo sadzawalankhulanso mpaka ukalamba wawo. Hoffa weniweni anasowa pa 30 July 1975 ndipo mtembo wake sunapezeke, komanso ofufuza ambiri amakayika ngati Sheeran ananena zoona podzitchula kuti ndiye anamupha, koma monga sewero la mmene kumvera munthu mmodzi kumadyera maubale ena onse, filimuyi ilibe inzake.

Chinthu china chimene mphwanuyo sakuchiwerengera n'chakuti kukhulupirika kwa m'magulu amenewa kumangokwera, sikutsika. Mu Donnie Brasco ya mu 1997, Al Pacino amasewera Lefty, chigawenga chokalamba chimene chimadandaula kuti chatumikira zaka 30 ndipo chapha anthu 26, koma paudindo amakwezedwa ndi ena, iye n'kumaswa timabokosi tolipirira malo oimika magalimoto kuti atolemo makobidi, n'kumabwereka ndalama kwa mnyamata wake. Zitadziwika kuti mnyamata amene anamulowetsa m'gulu ndi wapolisi wa FBI, Lefty amaitanidwa ndi mabwana, ndipo podziwa tanthauzo la kuitanako amavula mphete, wotchi ndi mtanda wa m'khosi, amaziika m'dirowa pamodzi ndi chikwama cha ndalama, n'kulisiya lotseguka pang'ono kuti mkazi wake adzazione. Amapita yekha, ndi miyendo yake. Wapolisi weniweniyo, Joseph Pistone, anakhala pakati pa zigawenga za banja la Bonanno kuyambira 1976 mpaka 1981, ndipo mmodzi mwa amene anaphedwadi chifukwa cha iye anali kapitawo Dominick Napolitano, pamene Lefty weniweni anamangidwa n'kudzamwalira ndi matenda mu 1994. Mu Goodfellas namonso, atatha kuba ndalama pafupifupi madola 5 miliyoni m'nyumba yosungira katundu ya Lufthansa pa bwalo la ndege la Kennedy mu 1978, mtsogoleri wa ntchitoyo amayamba kupha amene anamuthandiza mmodzimmodzi, ena akupezeka m'galimoto yotaya zinyalala, wina atauma m'lole ya firiji. Henry Hill zitamuthina amapita kwa bwana amene wamutumikira kuyambira ubwana, ndipo bwanayo amatulutsa madola 3,200 m'thumba n'kumufulatira.

Musathamangire komabe kuuza mnyamatayo kuti woulula ndiye ngwazi, chifukwa adzakugwirani bodza, ndipo adzakhala akulondola. Ambiri mwa amene anaswa lumbiro la chinsinsi la Mafia sanachite zimenezo chifukwa chikumbumtima chawadzukira. Joseph Valachi, amene mu 1963 anafotokozera komiti ya nyumba ya Senate ku America za mwambo wobaya chala ndi kuwotcha pepala m'manja polowa m'gulu, anayamba kulankhula atapha mkaidi mnzake m'ndende ya ku Atlanta mu 1962, pomuyesa munthu wotumidwa ndi bwana wake Vito Genovese kuti adzamuphe. Sammy Gravano, wachiwiri kwa bwana wa zigawenga John Gotti, anatembenuka mu 1991 atamvetsera matepi a FBI mmene Gotti ankamunena kumbali ndi kumukankhira milandu yopha anthu. Umboni wake unachititsa kuti Gotti alamulidwe kukhala m'ndende moyo wake wonse mu 1992, pamene iye mwini, atavomera kuti anatenga nawo mbali pa imfa za anthu 19, mmodzi mwa iwo mlamu wake weniweni, analandira zaka 5 zokha. Anthu amenewa anaulula atazindikira kuti mpeni wafika pakhosi pawo, choncho kugawa anyamata a bwana m'magulu a okhulupirika ndi opereka anzawo n'kuyang'ana nkhaniyo kumathero, madzi atafika kale m'khosi.

Kugwa kwenikweni kumachitika kale kwambiri, pamalo ooneka ngati aang'ono. Mu Goodfellas muli mnyamata wotchedwa Spider, wongoperekera zakumwa amuna akamatchova njuga. Tsiku lina Tommy, chigawenga cha mtima wapachala, amamuombera phazi mongoseweretsa, ndipo njuga imapitirira. Tsiku linanso Spider, phazi lili m'bandeji, amamuyankha Tommy mwamwano kamodzi kokha, anzake amaseka, ndipo Tommy amamupha pompo. Chimene chimavuta amuna a patebulopo ndi chakuti ndani akumbe dzenje. Henry amaoneka kuti zamukhudza, amaweramira mtembowo n'kunena kuti wafa, basi, ndipo mawa lake ali nawo limodzi. Pamenepo panalibe bwana wolamula, panalibe mfuti yoloza Henry, ndipo khomo linali lotseguka. Ine ndimaona kuti chiweruzo chonse cha filimuyo pa Henry chili pa kukhala chete kwa usiku umenewo, osati pa zimene anadzanena m'khoti patapita zaka.

Ku mbali ya malamulo nkhaniyi ndi yachidule. Pa milandu ya ku Nuremberg yoweruza atsogoleri a Germany pambuyo pa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse, imene inayamba mu 1945, kunakhazikitsidwa kuti kulamulidwa ndi mkulu sikuchotsa mlandu pa munthu, ngakhale kuti kungachepetse chilango. Ku England, khoti la House of Lords linagamula mu 1987, pa mlandu wa Howe, kuti kuopsezedwa si chifukwa chovomerezeka chophera munthu, ndipo mu 2005, pa mlandu wa Hasan, linati munthu amene anadziphatika yekha kwa zigawenga, pamene akanatha kuona kuti zidzamukakamiza, sangadzadandaule kuti anakakamizidwa. Kuno ku Zimbabwe, monganso ku South Africa, makhoti amatsata mfundo yakuti anthu amene achitira pamodzi mlandu ndi cholinga chimodzi amausenza onse, moti wolondera pakhomo angathe kukapezeka ku ndende ya Chikurubi pamodzi ndi amene anagwira mpeni.

Tsopano za mawu ake akuti ndife tinamuphunzitsa kumvera akulu. N'zoona kuti tinamuphunzitsa, koma mwambo wathu sunaikepo munthu mmodzi pamwamba pa mwambo. Mfumu ya Chichewa imasankhidwa ndi mbumba, imalangizidwa ndi akuluakulu ndi anamkungwi isanakhale pampando, ndipo pabwalo imakhala ndi nduna zimene ntchito yake ndi kuibweza ikapotoka. Timati wakutsina khutu ndi mnansi, kutanthauza kuti pa anthu onse okuzungulira, wako weniweni ndi amene amalimba mtima n'kukuuza kuti walakwa. Ngakhale banja la Corleone lili ndi nduna yake, loya Tom Hagen, ndipo kwa ine iye ndiye wolephera kuposa Luca ndi Neri, chifukwa anali ndi maphunziro, anali ndi khutu la bwana, koma uphungu wake unkathera pa funso lakuti chopindulitsa n'chiti. M'filimu yachiwiri ija, gulu lawo likufuna kugwira phungu wina wa Senate pakhosi, phunguyo amadzuka m'nyumba ya mahule pambali pake pali mtsikana wakufa, magazi ali ponseponse, Neri akupukuta m'manja chapatali, ndipo Tom amamutonthoza ndi mawu ofatsa kuti asadandaule chifukwa mtsikanayo alibe abale ndipo zidzakhala ngati sanakhaleko n'komwe. Mtsikana ameneyu ndi mmodzi wa anthu aja ndanena kuti woonera amaiwala kuwawerenga. Ngati mphwanuyo anakulira m'tchalitchi, amaidziwa kale nkhani imeneyi m'dzina lina. Yowabu analandira kalata ya Davide yoti aike Uriya kutsogolo kwa nkhondo n'kumusiya yekha, ndipo anachita osafunsa, pamene Natani analowa m'nyumba ya mfumu yomweyo n'kuiloza chala. Davide ali pafupi kufa analangiza Solomo kuti asalole Yowabu kutsikira kumanda mwamtendere, ndipo Yowabu anaphedwa atagwira nyanga za guwa la nsembe. Mufunseni kuti mwa awiriwa, amene mumamuuza kuti atengere chitsanzo anali uti. Chinsinsi nachonso chili ndi malire ake, pakuti chimene timaphunzitsa ana n'chosunga ulemu wa banja ndi wa mwambo, ndipo sindinamvepo nkhalamba ikulangiza mwana kuti azibisa mtembo.

Sindikufuna kuwayeretsa mafilimuwa kotheratu, chifukwa ali ndi mlandu wawo. Kuyambira 1934 mpaka cha m'ma 1960, makampani a ku Hollywood ankatsata malamulo oletsa kuonetsa upandu ngati chinthu chopindulitsa, koma malamulowo atalowedwa m'malo ndi dongosolo loika mafilimu m'magulu a zaka mu 1968, okonza mafilimu anayamba kusimba nkhani ali mkati mwa gulu, kamera itakhala patebulo limodzi ndi zigawenga. Zimenezi zinabala mafilimu oona kwambiri, komanso zinachititsa kuti ola loyamba likhale lokoma mopitirira, lodzaza maukwati, zakudya, magalimoto ndi ulemu wa m'malesitanti, moti mnyamata wa zaka 19 amene wakhala tsiku lonse padzuwa akukuwira makombi amatenga chikomekome cha mkuyu, nyerere za mkati n'kuzisiya m'ola lachitatu limene mwina amaonera akusinza. Gravano yemwe uja anavomera poyera kuti iye ndi anzake ankaikonda kwambiri The Godfather, zimene zikusonyeza kuti chenjezo la filimu silifika lokha kwa amene likuwayenera. Omasulira athu a m'Chichewa nawo, ngakhale amatiseketsa, nthawi zambiri amathira nthabwala pamalo pamene wokonza filimu anaika chete wadala, n'kumatcha wakuphayo dolo, moti kuwerama kwa nkhope ya Neri kumadutsa anthu akuseka.

Chimene ndingakulangizeni, bambo, n'chakuti musamuletse kuonera, pakuti adzakaonera pafoni ku renki inu kulibe. Pezani The Irishman yosamasulira, muionere limodzi tsiku limene magetsi alipo ndipo iye sanatope, ndipo musadumphe chigawo chomaliza. Mmenemo Russell wakalambira m'ndende, mano atatha, akuviika buledi m'madzi a mphesa, kenako amamwalira. Frank amatuluka, amakadzisankhira yekha bokosi lamaliro, amakaima pamzere kubanki kumene Peggy amagwira ntchito ndipo Peggy amatseka windo lake n'kuchokapo. Kunyumba yosungira okalamba, namwino amaona chithunzi cha Hoffa koma samudziwa n'komwe kuti anali yani. Kumabweranso apolisi awiri a FBI n'kumuuza nkhalambayo kuti onse anafa, ngakhale loya wake, ndipo amamufunsa kuti akutetezanso ndani, koma iye amakanabe kulankhula. Mukafika pamenepo imitsani filimu, mumupemphe mphwanuyo atchule munthu mmodzi amene kukhala chete kwa Frank kunamupulumutsa, ndipo mumupatse nthawi yoti aganize. Akatha kuyankha, mufunseni mofatsa za ku renki, ngati pali munthu wamkulu amene anamulipirirapo faindi kupolisi kapena kumugulira foni, ndiponso ngati munthuyo ananenapo kuti adzabwezeredwa motani.